Anagamula ine ndili kumaliro kumudzi: kodi Tribunal ya za lendi ingabwerere pa chigamulo chake?

Telala wa ku Rosettenville analemba:

Abale anga, ndigawireniko nzeru, makamaka inu amene mwakhalitsa kuno ku Joni kapena mumadziwako za malamulo. Nkhani yanga ndi yaitali, mundipirire, chifukwa ndikaidula mudzandilangiza zina.

Ndimachita lendi kanyumba ka kuseri ku Rosettenville, chipinda chimodzi ndi kakhitchini. Ndimagona momwemo, ndipo momwemonso muli makina anga awiri osokera, a sitireti ndi ovaloko. Lendi ndi R3,200 pamwezi. Ndakhalamo zaka 4 osayambana ndi munthu. Zinthu zinasokonekera mu April pamene alandilodi anabwera ndi bilu ya madzi ya R1,450 n'kunena kuti yonseyo ndi yanga. Pabwalopo tilipo mabanja atatu, mita ndi imodzi, ndipo paipi ya kuchimbudzi cha panja yakhala ikudontha chiyambire Khirisimasi. Ndinawauza kangapo konse. Biluyo ndinaikana, ndipo ndi mtima wopsa lendi ya May ndinaigwira dala, ndimati ayambe akonza paipi.

Iwo anakadandaula ku Rental Housing Tribunal, bwalo la boma lomva madandaulo a lendi. Kumapeto kwa May anatiitana kuti akatiyanjanitse, ndinapita, koma sitinamvane. Anatiuza kuti adzatitumizira tsiku lodzamva mlandu. Pa 8 June usiku kunabwera foni yochokera kwathu ku Ntcheu kuti mayi atisiya. M'mawa kutacha ndinagogoda kwa alandilodi, ndinawauza pamaso kuti ndikupita kukaika mayi anga. Anati pepani, muyende bwino. Masana ake ndinali m'basi ya ku Beitbridge.

Kumudzi ndinakhala milungu isanu. Ine ndiye woyamba kubadwa, ndipo mayi ankalera ana awiri a malemu mlongo wanga, ndiye sindikanangoika maliro n'kutembenuka osaona kuti anawo akhala ndi yani, munda ulimidwa ndi yani. Nambala yanga ya kuno sinkagwira kumeneko. Nditabwerera pa 14 July, potsegula chitseko ndinapeza maenvulopu awiri pansi, atachita kutuwa ndi fumbi. Ina inali yondiitana kumlandu pa 2 July. Inayo inali ya chigamulo: ndilipire R11,350, kutanthauza lendi ya March, April ndi May R9,900, kuphatikiza madzi aja R1,450.

Abale, ya May yokha ndiyo ndikuivomera. Ya March ndinaika mu akaunti yawo pa ATM, kasilipi kake kali m'chitini momwe ndimasungira masingano, kayamba kufufutika koma manambala akuoneka. Ya April ndinapereka pamanja kwa mwana wawo wamwamuna, ndipo anasaina m'buku langa la miyezo, patsamba lomwe pali miyezo ya diresi la ukwati la kasitomala wina, tsiku ndi ndalama analemba ndi dzanja lake. Komanso R3,200 katatu ndi R9,600, osati R9,900. Nambala imeneyi ndi yomwe inali papepala la alandilodi tsiku loyanjanitsa lija, ndinawauza pomwepo kuti masamuwa sali bwino.

A Tribunal sindikuwada, anagamula zomwe anaziona patebulo, ine kunalibe. Chikundiwawa n'choti munthu amene anandipepesa maliro anakaima pamaso pawo osatchula n'komwe kuti mnzangayu ali kumaliro. Pano akuti pofika Lachisanu la kumapeto kwa mwezi ndikapanda kulipira zonse adzakhoma chitseko ndi loko wawo n'kutenga ovaloko.

Funso langa ndi ili: kodi ndingabwererenso kwa a Tribunal omwewo, ndiwaonetse silipi ndi bukuli, kuti aunikenso chigamulo chawo? Mnzanga wa kutchalitchi akuti ndingolemba kalata, amatsegulanso mlandu. Wina akuti akadinda chidindo basi, kwatsala ku High Court. Ndani akunena zoona?

Dalaivala wa ku Kempton Park anayankha:

Pepani kwambiri achimwene ndi zovutazi, Mulungu akutonthozeni. Musataye mtima, zimatheka. Ine zinandichitikira zaka zitatu zapitazo. Ndinali pamzere ku Kasumbalesa ndi thiraki pafupifupi milungu iwiri, chisamani chinafika kunyumba ine kulibe, khoti la majisitireti linagamula kuti ndilipire lendi yomwe ndinali nditalipira kale. Loya wina anandilembera pempho loti chigamulo chifafanizidwe, khoti lomwelo linavomera, mlandu unayambiranso. Anandiuza kuti pali masiku 20 kuchokera tsiku limene wadziwira za chigamulo, ndipo umayenera kufotokoza zinthu ziwiri: chinakulepheretsa kubwera n'chiyani, komanso ukanabwera ukananena chiyani. Ine chinandipulumutsa ndi zidindo za m'pasipoti. Inunso sonkhanitsani zanu: chidindo cha pa Beitbridge popita ndi pobwera, tikiti ya basi ngati simunataye, kalata ya imfa ya mayi. Thamangani, masiku 20 sachedwa kutha.

Mlembi wa ku ofesi ya maloya anayankha:

Achimwene, pepani maliro. Ndimagwira ntchito yokonza mapepala a milandu, si ine loya, choncho zomwe ndilembe pano zikhale zokuthandizani kudziwa zokafunsa, loya mukamuonebe ndithu sabata yomwe ino.

Zomwe anena adalaivala ndi zoona, koma ndi za bwalo lina. Mlandu wawo unali ku khoti la majisitireti, ndipo khoti limenelo linapatsidwa mphamvu imeneyo m'lamulo lake lenilenilo, Magistrates' Courts Act ya 1944, ndime 36. Ndimeyo imati khoti lingafafanize chigamulo chimene linapereka munthu palibe, kapena chopezedwa mwachinyengo, ndiponso lingakonze cholakwika choonekeratu. Masiku 20 aja ali mu Rule 49 ya makhoti omwewo. Inu mlandu wanu unali ku Tribunal, ndipo apa m'pamene pali povuta.

Pamalamulo pali mfundo yakale imene maloya amaitchula kuti functus officio. Tanthauzo lake n'loti woweruza akatulutsa chigamulo chomaliza, ntchito yake pamlandu umenewo yatha, sangabwererenso kukachisintha chifukwa wasintha maganizo kapena wina wabwera ndi umboni umene sunalipo. Kuno ku South Africa mlandu umene aliyense amautchula pa mfundoyi ndi wa Firestone ndi Genticuro wa 1977. Mlanduwo unasiya timipata tochepa: kumasulira mawu osamveka bwino m'chigamulo, kukonza polakwika polemba kapena powerengera, ndi kuwonjezera tinthu ta m'mbali timene khoti linaiwala, monga za ndalama zoyendetsera mlandu. Kupyola pamenepo pamafunika lamulo lonena mosabisa kuti bwalo ili lingabwerere pa chigamulo chake. Chifukwa chake n'chomveka mukadziika kumbali inayo: mukanapambana inu, simukanafuna kuti alandilodi azibwerera mwezi ndi mwezi kukapempha kuti mlandu uyambirenso mpaka apeze tsiku lowakomera.

Tribunal inakhazikitsidwa ndi Rental Housing Act, nambala 50 ya 1999, ndipo ili ndi mphamvu zokhazo zimene lamulolo linaipatsa. Ndime 13 imati chigamulo chake chimatengedwa ngati lamulo la khoti la majisitireti, n'chifukwa chake sherifu angathe kuchigwiritsa ntchito. Ndime 17 imati amene sanakhutire ndi mmene mlandu unayendera angapite ku High Court ya dera limenelo kuti akauunike. Mu 2014 Nyumba ya Malamulo inasintha lamuloli kudzera mu Act 35, n'kuikamo zomwe inu mukufunazi: Tribunal izitha kufafaniza kapena kusintha chigamulo choperekedwa molakwika wokhudzidwayo palibe, kapena chokhala ndi cholakwika choonekeratu, komanso pakhale njira ya apilo. Koma kusinthako kunalembedwa kuti kudzayamba kugwira ntchito tsiku limene Pulezidenti adzalengeze, ndipo zaka zakhala zikudutsa kukudikira tsiku limenelo. Anthu ambiri amawerenga ndime zimenezi pa intaneti n'kuyesa kuti zinayamba kale, mwina n'kumene mnzanu wa kutchalitchi anazitenga. Funso loyamba kwa loya likhale limeneli: lero lino, ndime zija zikugwira ntchito? Ndipo taonani, aphungu sakanavutika kulemba ndime yatsopano yopereka mphamvuyi ikanakhala kuti inalipo kale momveka bwino.

Ndiye nkhani yanu ndimaigawa patatu. R300 ya masamu ija ndi yopepuka, ndi cholakwika chowerengera chimene aliyense angachione papepala lomwelo, mungapemphe kuti akonze. Ya March ndi April ndi yolemera, chifukwa pamenepo mukupempha kuti amve umboni umene sanaumve, ndiye kuti mlandu uyambirenso. Ya madzi ndi chimodzimodzi.

Ku High Court dziwani kuti kuunika si apilo. Jaji sakakhala pansi kuwerengera ndani ali ndi ngongole ya zingati. Akaona njira imene chigamulo chinafikiridwa: munadziwitsidwa moyenera, munapatsidwa mpata wolankhula, panali chinyengo kapena ayi. Mukapambana, kawirikawiri mlandu umabwezedwa ku Tribunal kuti ukamvedwenso inu mulipo. Ndisakunamizeni kuti n'zapafupi. Kalata inafika pakhomo panu, ndipo mudzafunsidwa chifukwa chimene simunawadziwitse a Tribunal kuti mukuchoka, popeza munkadziwa kuti tsiku likubwera. Yankho lanu lilipo, imfa ya mayi usiku ndi basi mawa lake, koma likufunika mapepala aja atchula adalaivala. Chokuthandizani kwambiri ndi choti alandilodi ankadziwa komwe muli. Ngati panali wina amene anamva mukutsanzika, kapena munawalemberako uthenga pa WhatsApp muli panjira, sungani.

Nthawi: milandu younika zigamulo za mabungwe a boma imayendera lamulo la PAJA la 2000, limene limati musachedwe popanda chifukwa, ndipo musapyole masiku 180. Kuti musakangane ndi munthu za tsiku loyambira, werengani kuchokera pa 2 July, ndiye kuti akuthera pa 29 December. Musaone ngati n'kutali. Maofesi ambiri a maloya amatseka pakati pa December, ndipo kukasuma kokha sikuimitsa chigamulo, loya amayenera kupempha padera kuti chiyambe chaima.

Za Lachisanuzo musagone nazo m'maso. Tribunal ilibe mphamvu yotulutsa munthu m'nyumba, lamulo lomwelo linanena. Ndime 26 ya malamulo aakulu a dziko lino imati palibe munthu angachotsedwe pakhomo pake popanda lamulo la khoti, ndipo mawuwo akuti munthu, sakuti nzika yokha. Njira yake ili mu PIE Act ya 1998, lamulo loletsa kutulutsa anthu m'nyumba mosatsata malamulo. Kukhomera munthu wa lendi kunja kapena kumudulira madzi ndi magetsi popanda chilolezo cha lamulo ndi mlandu pa ndime 16 ya Rental Housing Act, chilango chake ndi faindi kapena ndende mpaka zaka 2. Katundu amagwira ndi sherifu atanyamula mapepala, osati landilodi ndi manja ake. Ngakhale sherifuyo, ndime 67 ya lamulo la makhoti a majisitireti imateteza zogonera, zovala ndi zida za ntchito ya munthu mpaka pa mtengo umene nduna inaika, ndiye za makinawo mumuuze loya msanga. Akakhoma ndithu, Tribunal yomweyo ili ndi mphamvu yolamula kuti akutsegulireni, chifukwa limenelo ndi dandaulo latsopano.

Koma pa ya May paja munalakwitsa, achimwene. Lamulo limati dandaulo likakhala ku Tribunal wa lendi azilipirabe. Lipirani ya May ndi ya July kudzera kubanki, mulembe mwezi wake pa refalensi, kuti mukakaima pamaso pa aliyense mukhale ndi manja oyera. Okuthandizani mwaulere yesani Legal Aid South Africa, Wits Law Clinic, kapena bungwe lomenyera ufulu wa anthu la SERI ku Braamfontein. A SERI ndi amene anaimira anthu a lendi pamlandu wa Maphango umene unafika ku Constitutional Court mu 2012, nkhani za nyumba amazidziwa.

Telala wa ku Rosettenville analemba:

Zikomo achemwali, mwanditsegula maso, ndipo za May ndamva. Uthenga ulipo: ndili ku Tete ndinapeza intaneti ya mnzanga m'basi, ndinawalembera kuti tadutsa bwino, iwo anayankha ndi kachithunzi ka manja opemphera. Ndiye mukutanthauza kuti kalata ya ku Tribunal ndisalembe n'komwe?

Wophunzira malamulo ku Pune anayankha:

Bambo, pepani ndi maliro. Ine ndikuti lembani, ndipo ndikhulupirira achemwali sanditsutsa. Kuno ku India kumene ndikuphunzira funso lomweli lavutitsa makhoti kwa zaka zambiri, chifukwa milandu ya lendi m'madera ambiri imamvedwa ndi mkulu wotchedwa Rent Controller. Supreme Court ya kuno inanena mu 1970, pamlandu wa Patel Narshi Thakershi, kuti mphamvu younikanso chigamulo chako sumabadwa nayo, imayenera kuperekedwa ndi lamulo. Lamulo la lendi la Delhi la 1958 linachita kuilemba mphamvuyi m'ndime 25B pa milandu ina. Koma mu 1980, pamlandu wa Grindlays Bank, khoti lomwelo linasiyanitsa zinthu ziwiri: kubwerera pa chigamulo chifukwa ukuona kuti unaganiza molakwika, ndi kuchichotsa chifukwa munthu wina sanamvedwe pa chifukwa chomveka. Loyambalo limafuna lamulo, lachiwirilo linati bwalo lingathe kuchita pofuna chilungamo.

Milandu ya ku India simanga aliyense ku South Africa, musakaitchule ngati lamulo. Ndaibweretsa chifukwa ikuonetsa mmene kalata yanu iyenera kulembedwera. Musalembe kuti munagamula molakwa. Lembani kuti sindinamvedwe, chifukwa chake ndi ichi, umboni wake ndi uwu, ndipo ndikanamvedwa ndikanaonetsa izi. Akayankha kuti alibe mphamvu, yankho lolembedwalo mudzapita nalo ku High Court kuonetsa kuti simunakhale manja lende.

Mlembi wa ku ofesi ya maloya anayankha:

Sindikutsutsa. Lembani, mupite nayo nokha, akudindireni kope lanu tsiku lolandirira. Mupemphenso zifukwa za chigamulo zolembedwa ndi mapepala onse amene alandilodi anapereka. Chomwe ndikukana n'choti mukhale pansi kudikira yankho la kalatayo masiku 180 akutha. Ndaonapo anthu akubwera ndi mafayilo mwezi wachisanu ndi chiwiri akuti timadikira atiyankhe. Uthenga wa ku Tete uja ujambuleni, tsiku lake lioneke, muusindikize papepala.

Mayi wa ku Turffontein anayankha:

Mwana wanga, zamalamulo anzanuwa anena, ine ndiwonjezere za pakhomo. Ndakhala m'nyumba za lendi kuno zaka zoposa 20. Munthu amene mumamwa naye mpope umodzi, ngakhale mukapambane kukhoti, mudzakumanabe pageti m'mawa. Tengani munthu wamkulu, kaya mkulu wa mpingo, mupite naye kwa alandilodi mwana wawo uja alipo, mutsegule bukulo patebulo. Musakalipe. Mungomufunsa mnyamatayo kuti dzanja ili ndi la yani. Mwina bambo akewo ndalama ya April sanaione n'komwe, zoterezi zimachitika m'makomomu. Akavomera, zilembedwe pomwepo kuti March ndi April zinalipidwa, asaine iwo, asaine mboni. Wopambana mlandu saletsedwa kunena kuti pa ndalama izi sindifunanso zakutizakuti. Koma bukulo musalisiye m'manja mwa munthu, lijambulitseni musanapite.

Telala wa ku Rosettenville analemba:

Ndabweranso kudzakuuzani pamene zafika. Lolemba ndinalipira ya May kubanki, ya July ndapereka theka, yotsalayo ndimaliza ndikapereka mayunifolomu a kwaya amene ndikusoka. Lachitatu ndinakasiya kalata ku Tribunal, mwana wa mnzanga amene ali ku koleji anandithandiza Chingerezi chake, ndipo tinailemba mmene ananenera achimwene a ku Pune. Anandilandira bwino, kope langa anadinda.

Loweruka madzulo tinapita ndi mkulu wa mpingo wathu monga munanenera mayi. Nditatsegula buku, mnyamata uja anayang'ana tsambalo nthawi yaitali, kenaka anati dzanjalo ndi lake. Bambo ake sanayankhule kanthu, anangonyamuka kulowa m'nyumba, patapita kanthawi anatuluka ndi cholembera. Ya April asaina kuti inalipidwa, R300 ija avomeranso kuti analakwitsa kuwonkhetsa. Pa ya March akanitsitsa, akuti mu akaunti mwawo mumalowa ndalama za anthu ambiri ndipo yanga sakuiona. Za madzi akuti a Tribunal anagamula kale, sakambanso. Za loko sanazitchule, ndipo mkulu wa mpingo anawauza mwaulemu kuti ife tikudziwa zimene lamulo limanena pa zokhoma zitseko.

Ndiye zatsala R3,200 ya March ndi R1,450 ya madzi. Ndapeza tsiku lokaonana ndi loya Lachiwiri likudzali, ndipo ndikamufunsa ngati ndalama zimenezi n'zoyenera kupita nazo ku High Court kapena pali njira ina yachidule. Mapepala ndawaika m'pulasitiki imodzi: pasipoti, kalata ya imfa ya mayi, uthenga wa ku Tete, maenvulopu awiri aja, tsamba la m'buku.

Chikundidetsa nkhawa ndi kasilipi ka March. Pa fotokope tsiku ndi ndalama zatuluka bwino, koma manambala anayi omaliza a akaunti akuoneka awiri okha. Popeza ndinaika ndalama zapamanja mu akaunti ya eni ake, pa sitetimenti yanga palibe chimene chikuoneka. Alipo amene anayesapo kupempha banki kuti itsimikize ndalama zoika pa ATM pogwiritsa ntchito nambala ya makinawo ndi nthawi yolembedwa pa silipi? Ngati alipo andiuze zomwe anapita nazo, ndikufuna ndikayese Lolemba m'mawa ndisanakumane ndi loya.